Nkhuku yowotcha pa ulendo: tisankhe yaikulu bwanji?



Lero tikambe za nkhuku. Ena museka, koma ife amene timagona masiku ambiri pamsewu kuposa pakhomo tikudziwa kuti nkhani ya chakudya imakhudza thumba komanso thanzi. Tikamapikula nsapato ku Joni timayang'ana saizi, tikamagula zitenje ku Kariakoo timafunsa mayadi, koma ikafika nkhuku yoti tiwotche, ambiri timangoloza yomwe yadzaza maso n'kunena kuti "ndipatseni yaikuluyo". Zaka zomwe tayenda njira ya Tete, ya Beira ndi ya Dar es Salaam zatiphunzitsa kuti nkhuku yogwirizana ndi moto ndi yapakatikati, yolemera pakati pa makilo 1.2 ndi 1.5 ikakhala yososola ndi kutumbula kale. Tifotokoze chifukwa chake, ndiponso nthawi zomwe timasankha yosiyana ndi imeneyi.

Moto umalowa mu nyama kuchokera kunja kupita m'kati, ndipo sufulumira chifukwa choti ife njala yatipweteka. Khungu limayamba kufiira pa mphindi zochepa chabe, koma kuti kutentha kukafike pa fupa la ntchafu, pomwe mwendo walumikizana ndi thupi, pamafunika nthawi. Nkhuku ikakula, mnofu umakhala wochindikala ndipo ulendo wa kutenthawo umatalika. N'chifukwa chake nkhuku ya makilo awiri ndi theka ikaikidwa pa mbaula ya makala, kunja imada bii m'kati ikadali yaiwisi. Akuluakulu anati chikomekome cha nkuyu m'kati muli nyerere. Mukati mudikire kuti ntchafu zipse, nganga imakhala itauma ngati chikuni, chifukwa nyama ya pachifuwa ilibe mafuta ambiri ndipo imapsa msanga kuposa ya m'miyendo. Nkhuku yaing'ono kwambiri, yosafika kilo imodzi, ili ndi vuto lake nayonso. Mnofu wake ndi wopyapyala, umauma mukangocheuka pang'ono, ndipo ndalama yanu yambiri mwagulira mafupa.

Nyama yosapsa pa fupa si nkhani yamasewera kwa munthu wa paulendo. Nkhuku yaiwisi nthawi zambiri imakhala ndi tizilombo totchedwa Salmonella ndi Campylobacter, tomwe timayambitsa kutsegula m'mimba, kupotokola, kusanza ndi kutentha thupi. Chovuta n'chakuti matendawa saonekera pompopompo. Campylobacter amatenga masiku awiri mpaka asanu. Ndiye munthu wadya nkhuku yosapsa pa Mwanza Lolemba, m'mimba mukumuyamba Lachinayi ali pa mzere wa Beitbridge, iye n'kumanamizira madzi a ku Zimbabwe. Tinayendapo ndi achimwene ena a thiraki omwe anagona masiku awiri pa malo oimikapo magalimoto asakutha kugwira chiwongolero, katundu wa anthu atangokhala, bwana akuimba foni ola lililonse. Mzere wa pa boda sudikira munthu amene ali kuchimbudzi, ndipo zimbudzi za m'maboda tonse tikuzidziwa. Kwa mayi amene wakwera basi ya ku Joni ndi zikwama zisanu ndi chimodzi, kudwala m'mimba ndi chilango chomwe sitingafunire ngakhale wopikisana naye pa msika.

Tsopano za sikelo. Pali kulemera kwa nkhuku yamoyo ndi kulemera kwa nkhuku yokonzakonza, ndipo anthu ambiri amasokoneza ziwirizi. Mukachotsa nthenga, magazi, mutu, mapazi ndi zam'kati, imatsala pafupifupi magawo 7 pa magawo 10 a kulemera kwake. Buloila yamoyo ya makilo awiri imatsala pafupifupi makilo 1.4. Choncho mukamagula yamoyo pa msika, funani yolemera pakati pa makilo 1.8 ndi 2.2, ndiyo idzagwere pa saizi yomwe tikunenayi. Nthenga zimanamiza. Inyamuleni, ipapaseni pa nganga. Fupa la pachifuwa likamakubayani chala ngati mpeni, mbali zonse zili zophwa, imeneyo ndi yowonda ngakhale ikuoneka yofufuma. Ikapsa imatsikanso, chifukwa madzi ndi mafuta zimadontha pa moto. Nkhuku ya makilo 1.4 ikawotchedwa imatsala pafupifupi kilo imodzi, ndipo mukachotsa mafupa, nyama yeniyeni ndi theka la kilo kapena kuposerapo pang'ono. Kasikelo kamanja komwe timayezera zikwama kaja kamagwiranso ntchito pa nkhuku, musachite nako manyazi.

Zouma za mufiriji zili ndi msampha wina. Mbali ina ya kulemera komwe kwalembedwa pa pepala ndi madzi. Ku South Africa makampani ambiri amabaya madzi a mchere mu nkhuku asanaiumitse, ndipo kuyambira 2016 lamulo la kumeneko linaika malire akuti madziwo asapitirire 10 pa 100 pa nkhuku yathunthu ndi 15 pa 100 pa zidutswa. Ndiye mukagula youma yolembedwa makilo 1.3, yembekezani kuti ikasungunuka ndi kudontha ikhala yopepukirapo. Pa zouma timakonda kukwera pang'ono, kutenga ya makilo 1.4 kapena 1.5. M'mashopu a ku Tete ndi ku Beira nkhuku zouma zimabwera zolembedwa magalamu pa pepala, monga 1,000, 1,100 kapena 1,200, zomwe zimathandiza kwambiri ngati mukufuna zofanana. Ngati m'pepalamo mwadzaza ayezi wofiirira, dziwani kuti inasungunukapo n'kuumanso, mwina magetsi atazima, ndipo imeneyo timaisiya. Nkhuku youma isapite pa moto isanasungunuke mpaka m'kati. Mufiriji imafuna usiku ndi usana wathunthu, ndipo ikakula imafuna nthawi yochulukirapo. Pamsewu pomwe firiji palibe, timaimiza m'madzi ozizira ili m'pepala lake, n'kumasintha madziwo theka la ola lililonse. Kuiyanika pa boneti padzuwa ndi kuitana matenda, chifukwa kunja kumafunda m'kati mukadali mwala.

Kukula kokha sikukwanira, funsaninso msinkhu wake. Buloila imaphedwa ili ndi masabata asanu kapena asanu ndi limodzi, nyama yake ikadali yanthete, n'chifukwa chake imapsa bwino pa makala. Nkhuku yachikuda, yomwe anzathu a ku Zimbabwe amati road runner, a ku South Africa hardbody, a ku Tanzania kuku wa kienyeji, imatenga miyezi yambiri kuti ifike kilo imodzi ndi theka, ndipo moyo wake wonse imakhala ikuthamanga. Kukoma kwake palibe angatsutse, koma mitsempha yake imafewa ndi madzi komanso nthawi, osati ndi moto wouma. Tambala wamkulu wachikuda mukamuika pa waya, mudzatafuna mpaka nsagwada kuwawa. Malo ake ndi mumphika, ndi tomato ndi anyezi. N'chimodzimodzi nkhuku zomwe zasiya kuikira mazira, zomwe zimagulitsidwa motchipa m'misika. Zimaoneka zazikulu bwino, mtengo n'kukhala wokopa, koma ndi zakale, zoposa chaka. Ngati mtima wafuna yachikuda yowotcha basi, sankhani msoti kapena katambala komwe kangoyamba kumene kulira, ndipo muiwiritse kaye pang'ono musanaiike pa makala. Njira yodziwira msinkhu ndi iyi: gwirani kunsonga kwa fupa la pachifuwa, cha kumimba. Ikakhala yaing'ono msinkhu, nsongayo imapindika ngati khutu. Ikakhala yokalamba imakhala yolimba gwa. Mamba a m'miyendo akakhala okhakhala, ndiye kuti yaona zambiri. Ku Mozambique mawu okha amakuthandizani. Mukati frango akupatsani yanthete yowotcha, mukati galinha mwapempha nkhuku yaikulu msinkhu.

Nanga tikudya angati? Timawerengera magalamu 350 mpaka 400 a nkhuku yaiwisi ya mafupa pa munthu wamkulu mmodzi, pakakhala nsima kapena chipisi ndi ndiwo zamasamba. Ndiye ya makilo 1.2 ikwanira anthu atatu, ya makilo 1.5 anthu anayi, ya makilo awiri anthu asanu kapena asanu ndi mmodzi. Koma tinene chilungamo, dalaivala ndi wothandizira wake amene sanadye kuyambira m'mawa amamaliza ya makilo 1.2 awiriwiri, aliyense theka, osatsala kanthu. Anthu akachuluka, ife timagula ziwiri zapakatikati m'malo mwa imodzi yaikulu. Ziwiri za makilo 1.2 zimapsa pa nthawi yomwe imodzi imatenga, bola waya ukhale wokwanira, pomwe imodzi ya makilo 2.4 idya makala ambiri ndi nthawi yambiri. Chinanso, nkhuku ikule bwanji, ntchafu zimakhala ziwiri basi. Ziwiri zikupatsani ntchafu zinayi, mapiko anayi ndi nthutumba ziwiri, ndipo kung'ung'udza kwa "ine andipatsa msana" kumachepa. Amene tayendapo pagulu tikudziwa kuti chibale cha paulendo chimatha kusokonekera pa kagawidwe ka ndiwo.

Yang'ananinso pomwe muwotcherepo. Mbaula zomwe timanyamula m'mathiraki ndi zazing'ono. Nkhuku ikasefukira kunja kwa waya, pakati pamapserera pomwe miyendo ili panja ikungomva fungo la moto. Apa anzathu a ku Mozambique ndi aphunzitsi athu. Aliyense amene wadyapo frango ya piri-piri ku Tete kapena ku Chimoio waona kuti saiwotcha yobulungira. Amaing'amba n'kuitambasula kuti ikhale yafulati, ndipo amasankha zazing'ono, za kilo imodzi kapena kuposera pang'ono. Ifenso timatero. Timadula kumsana mbali zonse za fupa, kuitembenuza, kuidinikiza ndi chikhatho pa nganga mpaka itagona, kenako kucheka mizere iwiri yozama pa ntchafu iliyonse kuti moto ndi mchere zilowe. Timaipaka ndimu, adyo, mchere, mafuta pang'ono ndi kambuzi. Makala akhale atayaka mpaka kuchita phulusa loyera pamwamba, malawi atatha. Timayamba ndi mbali ya mafupa kuyang'ana pansi, chifukwa mafupawo amateteza mnofu, ndipo mbali ya khungu imabwera pambuyo. Miyendo ikhale komwe moto wakula, nganga komwe wachepa. Ya makilo 1.2 yotambasula chonchi imapsa pa mphindi 40 mpaka 50. Ya makilo awiri imapitirira ola, ndipo pofika pamenepo makala oyamba atha, muyenera kuwonjezera ena. Ngati yomwe yapezeka ndi yaikulu basi, iduleni zidutswa, ntchafu zitsogole pa moto, nganga ibwere pakapita mphindi khumi.

Kwa amene muli ndi uvuni pakhomo kapena kumalo komwe mumafikira ku Joni, kawerengedwe kake n'kosavuta. Pa madigiri 190, perekani mphindi 45 pa kilo iliyonse, n'kuwonjezera mphindi 20 pamwamba. Ya makilo 1.2 ndi ola ndi mphindi 15, ya makilo 1.5 ndi ola ndi theka, ya makilo awiri ndi ola ndi mphindi 50. Mu uvuni kutentha kumazungulira mbali zonse, choncho nkhuku yaikulu imapsa bwinoko kuposa pa makala. Komabe kwathu kuno magetsi amatha kuthima nthawi iliyonse, ndipo nkhuku yomwe ikufuna maola awiri ili pa chiopsezo chachikulu kuposa yofuna ola limodzi.

Wotchi imangotithandiza, chigamulo chili pa ntchafu. Bayani ndi mpeni pamalo ochindikala kwambiri, pafupi ndi fupa. Madzi otuluka akhale oyera mbee, opanda kufiira, ndipo mwendo uzigwedezeka mosavuta. Amene muli ndi kachipangizo koyezera kutentha kwa nyama, pamalo amenewo pafike madigiri 75. Ikapsa isiyeni ipume mphindi khumi musanaidule, kuti msuzi wake ukhazikike m'mnofu. Mpeni ndi mbale zomwe zinakhudza yaiwisi zisakhudze yakupsa musanazitsuke ndi sopo, manjanso chimodzimodzi. Mukamagula yowotchawotcha m'mbali mwa msewu, muli ndi ufulu wopempha kuti aidule muone pa fupa, ndipo wogulitsa wodziwa ntchito yake sakwiya nazo. Usiku walitsani ndi tochi ya foni. Tikumbutsanenso kuti mbaula ikhale kutali ndi mathanki a mafuta, ndipo isalowe mu kabini ngakhale kuzizire chotani pa Dedza kapena ku Mbeya mu June. Utsi wa makala pamalo otseka umapha munthu ali m'tulo.

Ena amati, "tigule yaikulu, yotsala tidya mawa." Pakhomo pomwe pali firiji zimenezo n'zanzeru. Mu kabini ya thiraki kapena pansi pa mpando wa basi ndi nkhani ina. Nyama yophika isakhale pamalo ofunda kupitirira maola awiri, ndipo kunja kukatentha kupitirira madigiri 32, ola limodzi lokha. Ku Tete mu October ndi November kutentha kumafika madigiri 40, n'kupitiriranso. Nkhuku yokulunga m'jumbo pa kutentha kotere imaonongeka isanayambe kununkha, ndiye mphuno singakutetezeni. N'chifukwa chake lamulo lathu la pamsewu ndi lakuti tigule yomwe timalize pa chakudya chimodzi. Yotsala yomwe mutaye mawa ndi ndalama yomwe mwataya lero.

Pali amayi ndi achinyamata m'gulu lino omwe nkhuku yowotcha ndi geni yawo, pa boda kapena pamalo oima mathiraki. Kwa inu saizi ndiyo phindu lenilenilo. Mumagula pa kilo kapena potengera kukula, koma mumagulitsa pa chidutswa. Kasitomala amalipira kota, safunsa magalamu. Tiyerekeze kuti muli ndi mpamba wogulira makilo 12. Mukatenga za makilo 1.5, ndi nkhuku 8, makota 32. Mukatenga za makilo 1.2, ndi nkhuku 10, makota 40. Ndalama yomwe mwalowetsa ndi imodzimodzi, koma makota asanu ndi atatu aonjezereka, makala atsika, ndipo kasitomala sadikira nthawi yaitali. Mukatsika mpaka za kilo imodzi, makota afika 48, koma apa chenjerani. Dalaivala akalandira kota yooneka ngati ya njiwa sakangana nanu, amangokadya kwa mnzanu ulendo wotsatira, n'kuuzanso anzake. Madalaivala amauzana chilichonse. Pa zomwe taona, pakati pa makilo 1.1 ndi 1.3 ndi pomwe wogulitsa amapeza kanthu ndipo wogula amakhuta. Chachikulu china, zikhale zofanana. Zikasiyana kukula pa waya umodzi, ina imapserera ina isanapse, ndipo makasitomala awiri olipira mtengo umodzi amayamba kuyang'anizana mbale. Amene mumaweta nokha mabuloila, muziyeza kuyambira sabata lachisanu. Zikadutsa saizi yomwe ogula anu akufuna, chakudya chomwe mukuzipatsa chikungodya phindu lanu.

Mwina wina waona nkhuku zouma zotchipa kutsidya n'kuganiza zodzaza cooler box kupita nazo kwawo. Kumbukirani kuti nyama ndi ziweto sizidutsa malire ngati zitenje. Zimafuna chilolezo cha a zanyama, ndipo popanda chimenecho amalanda. Malamulo amakhwima kwambiri kukabuka chimfine cha mbalame. Mu 2017 matendawa atagwa ku Zimbabwe ndi ku South Africa, maiko oyandikana nawo anaimitsa kulowetsa nkhuku zochokera kumeneko, ndipo mu 2023 atabukanso ku South Africa mazira anasowa m'mashopu, ziletso n'kubweranso. Funsani ejenti wanu kapena a zanyama pa bodapo musanagule. Kwa ife njira yosavuta ndi kugula nkhuku m'dziko lomwe tidyeremo.

Tikafika pakhomo zinthu zimasintha pang'ono. Kwathu nkhuku ndi ulemu. Mlendo amaphedwera nkhuku, ndipo nthutumba ikasowa m'mbale ya bambo kapena ya mlendo pamakhala mafunso. Munthu amene wachoka masabata atatu amafuna kulowa pakhomo atanyamula chooneka, ana adziwe kuti amayi kapena adadi abwera. Mtima umenewo ndi wabwino, ndipo pa Khrisimasi kapena pa chinkhoswe, pomwe pali nthawi yokwanira ndi anthu ambiri, tambala wamkulu ali ndi malo ake, mumphika. Koma ngati ana apempha yowotcha, chomwe adzakumbukire ndi nyama yofewa yomwe aliyense analandirako gawo labwino. Banja la anthu asanu ndi awiri timaligulira ziwiri za makilo 1.3, agogo alandire nganga yofewa, ana agawane miyendo, mafupa ndi makosi zipange msuzi wa mawa.

Choncho mukaima pa msika kapena pa firiji ya mushopu, dzifunseni zinayi: tikudya angati, tiwotchera pati, tili ndi nthawi yochuluka bwanji mzere usanayende, ndipo yotsala tiisunga pati. Pa mbaula ya pamsewu, buloila ya makilo 1.2 yotambasula. Mu uvuni wa pakhomo, ya makilo 1.5, kapena mpaka awiri ngati magetsi ali odalirika. Anthu akaposa asanu, ziwiri. Yachikuda yaikulu, mumphika.

Amene mumayenda njira ya Nakonde, ya Kazungula kapena ya Nacala, tiuzeniko saizi zomwe zikupezeka kumeneko ndi momwe amawotchera, kuti tonse tiphunzire. Yendani bwino abale, Mulungu akutetezeni pamsewu, mukafike ndi katundu wanu yense komanso m'mimba muli phee.